Kachipolopolo ka Che Uladi

A Wadson anakana mpando umene a Lukiya anawapatsa. Anaima pakati pa bwalo atagwira chingwe cha mbuzi yawo, mkota wakuda wa bere, umene unkatsimphina mwendo wakumbuyo. Pantchafu pake panali bala lalitali, ntchentche zikulizungulira.

Che Uladi, amuna awo a Lukiya, anali atagwada kale pambali pa mbuziyo. Anapisa m'thumba la malaya n'kutulutsa kachipolopolo kamodzi, kochepa kuposa chala chawo chaching'ono, ndipo anakayandikitsa pabalapo.

"Taonani bwinobwino, achimwene," anatero. "Aka kakalowa kamasiya kabowo ngati ka msomali. Apa pang'ambika ngati nsalu. Si ine."

A Wadson anayankha kuti iwo za mabowo sazidziwa. Chimene ankadziwa n'chakuti Lachiwiri m'mawa anamva mfuti kuseri kwa khola la nkhuku la Che Uladi, anamvanso mbuzi ikulira, ndipo madzulo ake mbuzi yawo inabwera ili chonchi. M'mudzi monsemo munthu wa mfuti anali mmodzi. Anati sakufuna zambiri, akungofuna mnzawo avomere kuti analakwitsa. Akapanda kuvomera pofika Loweruka, nkhaniyo aitengera kupolisi. Atatero anakoka mbuzi yawo n'kumapita osatsanzika.

A Lukiya anabweza mpando uja pakhonde. Mabanja awiriwa anakhala moyandikana kufupi ndi Nsanama kwa zaka makumi atatu ndi zisanu ndi chimodzi. A Wadson anali Mkatolika, Che Uladi Msilamu, koma pa Idi mbale ya nyama yoyamba inkapita kwa a Wadson, ndipo pa Khirisimasi a Wadson ankabwera ndi tambala wawo kuti Che Uladi awazingire, n'cholinga choti adyere limodzi. Sanayambanepo kupitirira tsiku limodzi.

Mfutiyo Che Uladi anabwera nayo kuchokera ku esiteti ya fodya kumene anagwira ntchito yaulonda ali mnyamata. Inali yaing'ono, ya nambala 22, ndipo iwo ankangoitchula kuti tuutuu. Mapepala ake anali olongosoka, ankawasunga m'pepala lapulasitiki pansi pa sutikesi. Aliyense wowafunsa za mfutiyo ankayenera kukhala pansi, chifukwa yankho lake silinkatha msanga. Ankafotokoza kuti kachipolopolo kameneka ndi ka tinyama ting'onoting'ono tovutitsa: likongwe wogwira nkhuku, akhwangwala ofukula mbewu, agologolo. Kanaphapo njoka imene inalowa m'denga la tchalitchi, komanso galu wachiwewe amene anathamangitsa ana pamjigo. Sikalira kwambiri, kamangoti tswa ngati bango louma, ndipo mfuti sikankha phewa. Anthu akawaitana kuti adzawaphere nguluwe kudimba ankakana, amati chinyama chotero kachipolopolo aka kamangochikwiyitsa. Ankamalizira ndi lamulo lawo: ngakhale n'kakang'ono, kamapita kutali kuposa pamene maso alekezera, choncho suwombera pokhapokha kuseri kwa nyamayo kuli chulu kapena nthaka.

A Lukiya anali atamva zimenezi kambirimbiri ndipo ankazikhulupirira. Chimene chinkawadetsa nkhawa chinali china, chimene sanauzepo munthu. Kuyambira chaka chatha maso a amuna awo anali atayamba kuchita nkhungu. Tsiku lina anawaona akuthira tiyi pambali pa kapu. Tsiku lina anapereka moni kwa thumba la makala limene wina anaimika pamtengo wa mango. Che Uladi ankaseka n'kunena kuti ndi dzuwa. Tsopano ankalumbira kuti Lachiwiri lija ankawombera likongwe, ndipo anamulasa pamutu penipeni, anangothawira kutchire kukafera konko. Mtembo wa likongweyo panalibe anauona.

Mboni inalipo imodzi. Mwana wawo Haruna, amene amagwira ntchito ku Joni, anali kunyumba patchuthi ndipo anabwera ndi kamera yogula kwa munthu. Milungu itatu yonse ankangojambula chilichonse: amayi ake akupeta, nkhuku, abambo ake akupita kumzikiti. Lachiwiri lija anajambulanso za likongwe, ndipo masana ake anakwera basi kubwerera kuntchito. Ponyamuka anasiya fulashi, kachipangizo kosungira mavidiyo, akuti makolo ake azionera pa TV yasola imene anawagulira. Koma TV ija inakana. Ankati akalowetsa fulashi, inkaonetsa maina a mavidiyo onse bwinobwino, koma akasankha imodzi pankangobwera mawu achingerezi pagalasi lakuda.

Madzulo a tsiku limene a Wadson anabwera ndi mbuzi, a Lukiya anamupeza Haruna pafoni atangofika kumene ku Joni. Mwanayo atamva nkhaniyo anaseka kwa nthawi yaitali. Anati a Wadson sangakhulupirire mawu a mwana pa nkhani ya bambo ake, koma zonse zili m'vidiyo yomalizira pa fulashipo.

"Koma amayi," anawonjezera, "muyambe mwaonera nokha, musanaitane anthu."

Foni inaduka asanamufunse chifukwa chake. Mawu amenewo anawalowa a Lukiya ngati minga.

Lachinayi m'mawa anamanga fulashi pamfundo ya chitenje, nauza amuna awo kuti akukazonda mlongo wawo ku Balaka. Anayamba aima pa Nsanama, pakashopu ka Jasten, bambo woika nyimbo m'mafoni. Jasten anati ndi nkhani yaing'ono. Analowetsa fulashi m'kompyuta, nafufuta zilembo zitatu zakumapeto kwa dzina la vidiyo n'kulembapo zina, kenako anaiyesa pa TV yake. Inakananso. Atanena kuti aitsegula pakompyuta pomwepo, a Lukiya anayang'ana anthu asanu amene anatsamira pakauntala kudikira mafoni awo, awiri mwa iwo a m'mudzi mwawo. Anati ali pachangu, natenga fulashi yawo.

Anakwera minibasi mpaka pa Liwonde, nasintha ina ya ku Balaka. Ku Balakako kunali Ilham, mwana wa mlongo wawo, amene anali ndi shopu yojambula maukwati kuseri kwa msika. Anali mayi wa ana awiri, wolankhula mofulumira, woseka ndi thupi lonse, koma wodziwa kusunga chinsinsi cha pabanja.

Ilham anawalandira ndi chimwemwe, anawafunsa za aliyense kumudzi mpaka nkhuku zomwe, nawagulira thobwa wozizira. Atamva chimene abwerera anatseka chitseko chatheka n'kukoka mpando wina pafupi ndi kompyuta. Atangoona dzina la vidiyo ija anagwira pakamwa kuseka, nafunsa amene anaigwira. A Lukiya anatchula Jasten.

"Azakhali," anatero Ilham, "munthu ameneyu watenga thumba la nandolo n'kulembapo kuti mpunga. Dzina lasintha, koma thumba ndi lomwe lija."

Anawafotokozera pang'onopang'ono, akuloza pagalasi ndi cholembera. Vidiyo iliyonse ili ngati thumba. M'kati mwake muli zinthu ziwiri, zithunzi pazokha ndi mawu paokha, ndipo thumbalo ndi limene limazisunga pamodzi kuti ziziyendera limodzi, pakamwa pakatseguka mawu atuluke nthawi yomweyo. Matumbawo alipo amitundumitundu. Kamera ya Haruna imasoka lotchedwa MTS. Mafilimu amene anyamata amakopera pa intaneti nthawi zambiri amabwera mu MKV, limene limanyamula zambiri, ngakhale zinenero zitatu nthawi imodzi. Akale aja a pa madisiki ena anali mu AVI. TV zotchipa zili ngati wogula mbewu wamakani amene amadziwa kumasula mfundo ya mtundu umodzi basi, MP4, ndipo ukamubweretsera thumba lina amakubweza osaona n'komwe za m'kati.

A Lukiya, amene anagulitsa nandolo pa Nsanama moyo wawo wonse, anamvetsa msanga. Anafunsa ngati pokhuthulira m'thumba linalo palibe zimene zitayike. Ilham anati iyayi, akadziwa kukhuthula bwino zithunzi zimapita momwe zilili, sipagwa ngakhale njere imodzi. Koma kompyuta yake imamasula thumba lililonse, ndiye akhoza kuonera kaye asanakhuthule. Anafunsa ngati ali okonzeka. A Lukiya anaika kapu ya thobwa pansi n'kugwedeza mutu.

Pagalasi panaoneka kuseri kwa nyumba yawo, dzuwa la m'mawa likuwala pa khola la nkhuku. Che Uladi anaima chotalikira, chofulatira, mfuti ili m'manja, kofia ili pamutu. Kumanzere kunali mpanda wa dimba la a Wadson, umene pamwamba pake anazengapo waya waminga. Mwadzidzidzi mbuzi yakuda inatulukira m'dimbamo ili ndi tsamba la mpiru kukamwa. Inalumpha mpandawo, mwendo wakumbuyo unakola pawaya, inalendewera pang'ono ikulira momvetsa chisoni, kenako inadzikoka n'kugwa, n'kuthawa motsimphina. Kamera inaitsatira mpaka inakalowa m'tchire. Mfuti inali isanalire.

"Alihamdulillahi," ananong'ona a Lukiya, mapewa awo n'kutsika.

Vidiyo inapitirira. Anamveka Che Uladi akuuza Haruna kuti akhale chete. Kamera inabwerera kukhola, ndipo pambali pa chulu panali likongwe, ataima ndi miyendo iwiri ngati akudikira moni. Che Uladi anakweza mfuti, nachalira nthawi yaitali. Inalira kuti tswa. Chakumanja, patali ndithu ndi likongwe ndi chulu chomwe, ndowa yobiriwira imene inali pansi pa thandala la mbale inagwedezeka n'kuyamba kutulutsa madzi mbali ziwiri. Likongwe anayang'ana ndowayo, anayang'ana Che Uladi, anadzikanda kukhosi, kenako anatembenuka n'kumapita mosafulumira. Ndipo anamveka mawu a Che Uladi, odzaza ndi kukhutira: "Wapita ameneyo. Pamutu."

Chithunzi chinayamba kugwedera. Zinali zoonekeratu kuti wogwira kamera ankalimbana ndi phwete.

Ilham anagwera patebulo. A Lukiya anayesa kudzigwira poganizira ulemu wa amuna awo, koma atakumbukira kuti ndowa imeneyo anaikalipira tsiku lonse Lachiwiri, akunena kuti ndowa zamasiku ano zimabooka zokha, anaseka mpaka misozi. Anaonera kachiwiri, nasekanso pamene likongwe ankadzikanda. Mayi wogulitsa zitumbuwa panja anasuzumira kufunsa ngati kuli bwino.

Kuseka kutatha, a Lukiya anapukuta m'maso ndi nsonga ya mpango. Anakumbukira kuti ndowayo anaiika iwo pamenepo, atangochokera kumjigo, ndipo analowa m'khitchini kukatenga sopo. Akanachedwa pang'ono, kachipolopoloko kakanapeza iwo. Sanamuuze Ilham zimenezi.

Ilham anayamba ntchito. Anabwezeretsa dzina loyamba, nakhuthulira vidiyoyo mu MP4, ndipo sizinatenge ngakhale mphindi imodzi. Anaiyesa pa ka TV kakale kamene ankasungira ntchito yomweyo. Zithunzi zinabwera zowala bwino, koma mbuzi inkatsegula kukamwa popanda kulira, mfuti inkagwedezeka popanda phokoso. A Lukiya anati zimenezi sizithandiza, chifukwa nkhani yonse yagona pa chimene chinayamba kulira, mbuzi kapena mfuti. Ilham anati asadandaule: thumba TV yalilandira, koma mawu a m'katimo ndi amtundu umene siiudziwa. Anawatembenuza mawuwo okha, zithunzi osazikhudza, ndipo ulendo uno mbuzi inalira mpaka mayi wa zitumbuwa anasuzumiranso.

Kenako Ilham anawayang'ana azakhali ake mwachifundo. Anati akhoza kudula vidiyoyo pamene mfuti yangolira kumene, ndowa isanaoneke. A Wadson aona mbuzi pawaya, amva mfuti ikulira pambuyo pake, nkhani yatha, ndipo palibe adzadziwe za likongwe. A Lukiya anaganiza kwa kanthawi. Anamuuza kuti aike zonse ziwiri pa fulashipo, yaifupi ndi yathunthu. Ilham anazipatsa maina osavuta, yaifupi WANI, yathunthu THUU, nawasonyeza mabatani oti adine pa rimoti.

Anagona kwa mlongo wawo, ndipo Lachisanu anabwerera. M'minibasi anakhala pawindo, dzanja lili pamfundo ya chitenje. Anaganiza za amuna awo mmene ankayendera m'mudzi anthu akuwaitana kuti adzawathandize, mmene ankapukutira mfuti ija ndi kansalu ka mafuta Loweruka lililonse. Munda anali ataupereka kwa mkamwini, njinga anasiya kupalasa. Chimene chinatsala choti anthu awafunire chinali tuutuu. Pofika pa Liwonde anali atasankha yaifupi. Podutsa mapiri aja akuyandikira kwawo anali atasankha yathunthu. Potsika pa Nsanama sankadziwanso.

Che Uladi anabwera kuchokera ku swala ya Ijuma, mapemphero a Lachisanu, ali wolefuka. Anati kumzikiti anthu awiri awafunsa kale za mbuzi ya a Wadson. A Lukiya anawaikira chakudya, nadikira mpaka atasamba m'manja. Kenako anaulula kumene anapita ndi chimene anakachita, natseka chitseko, nalowetsa fulashi. Chala chawo chinaima pang'ono pa rimoti, kenako chinatsikira pa THUU.

Che Uladi anakoka mpando mpaka mawondo awo anagunda katebulo ka TV. Mbuzi itakola pawaya anamenya ntchafu yawo n'kutembenuka, nkhope ikuwala ngati ya mwana.

"Mwaona? Ndinanena ine. Bala long'ambika."

"Ndaona. Pitirizani kuonera."

Anaonera. Mfuti inalira, ndowa inatulutsa madzi, likongwe anadzikanda, ndipo mawu awo omwe anadzaza chipinda chonse kulengeza kuti wapita ameneyo. Che Uladi sanasunthe. A Lukiya anayang'ana pansi, akudziimba mlandu. Patapita nthawi amuna awo anafunsa ndi mawu otsika ngati chobiriwira chija chinali ndowa yawo yatsopano. Anavomera. Mapewa a Che Uladi anayamba kugwedezeka, ndipo a Lukiya anachita mantha kuti akulira, mpaka pamene phwete linaphulika. Anaseka atagwira m'mimba, kofia inagwa pansi, akubwereza okha kuti pamutu, pamutu. Anati likongwe ameneyu akakamba nkhaniyi kwa adzukulu ake.

Anapempha kuti aibwereze kuyambira poyamba, ndipo akweze mawu. Ulendo uno sanayang'ane kwambiri pagalasi, anapendeketsa mutu kutchera khutu. Kumayambiriro kwenikweni, mbuzi isanatulukire, kunkamveka chapatali munthu akung'ung'udza nyimbo yachisilamu ya sikiri, kenako phokoso la ndowa yodzaza ikuikidwa pansi, kenako mapazi akuchoka. A Lukiya anali asanazimve zimenezi ku Balaka, poti anali ndi maso pa mbuzi.

"Amene akuimbayo ndinu," anatero Che Uladi.

"Ndine."

"Munapita kuti?"

"Kukatenga sopo."

Che Uladi anatola kofia yawo, naipukuta fumbi nthawi yaitali kuposa mmene inkafunikira. A Lukiya anawauza kuti pa fulashipo pali ina yaifupi, yothera pamene mfuti yalira, ndipo mawa akhoza kuonetsa imeneyo. Che Uladi anapukusa mutu. Anati a Wadson anawapempha kuti avomere pamene analakwitsa. Pa mbuzi sanalakwe, koma sangakhale pampando kumuonerera mnzawo akuchita manyazi yekha pamene iwo abisa zawo.

Loweruka m'mawa a Lukiya anapita okha kukaitana. A Wadson anabwera atavala jekete ngati akupita kumlandu, akazi awo a Martina ali pambuyo. Ulendo uno mpando anaulandira, koma anakhala chakumphepete. A Martina anakhala pamphasa ndi a Lukiya, ndipo awiriwo anapatsana moni wa m'maso wosonyeza kuti iwo sanayambane.

Mbuzi itatulukira m'dimba ndi mpiru kukamwa, a Martina anafuula kuti ndiye amene ankamaliza ndiwo zawo ameneyu. Itakola pawaya anatembenukira amuna awo pang'onopang'ono.

"Waya uja ndinanena kangati kuti mumukweze kapena mumuchotse?"

A Wadson anavula chipewa, nachiika pabondo, nachitenganso. Anayamba kunena kuti achimwene andikhululukire, koma Che Uladi anakweza dzanja n'kuwauza kuti asunge kaye mawuwo, filimu sinathe.

Pamene likongwe ankadzikanda, a Wadson anali atatsegula pakamwa. Mawu oti wapita ameneyo atamveka, anayang'ana mnzawo kuti aone ngati n'kololedwa kuseka, napeza Che Uladi akuseka kale. Basi zinathera pomwepo. A Wadson anatsetsereka pampando mpaka kukhala pansi, a Martina anabisa nkhope paphewa la a Lukiya. Anaibwereza kanayi. Azibambo awiriwo anayamba kutsutsana kuti wopusa kwambiri ndani, wolasa ndowa kapena wotchera mbuzi yake yomwe msampha, ndipo aliyense ankalimbikira kuti ndi iyeyo. A Wadson anati akanapita kupolisi akanakadzimangitsa okha pamodzi ndi waya wawo. Che Uladi anati iwo akanakapereka ndowa ngati mboni.

A Lukiya anaphika tiyi n'kukazinga chinangwa. Atamwa, amuna awiriwo anapita kukaona mbuzi ija, natsuka bala ndi madzi amchere, nagwirizana zoitana alangizi a ziweto chifukwa cha bere. A Wadson anatenga pulayala n'kuyamba kumasula waya uja pomwepo, Che Uladi akuwagwirira mbali ina n'kumawalangiza zimene sanafunsidwe.

Dzuwa litapendeka Che Uladi anabwerera kunyumba. A Lukiya anali pakhonde akusankha mpunga m'lichero, ndipo anawamva akutsegula bokosi lachitsulo kuchipinda. Anatuluka ndi kansalu ka mafuta, mfuti, ndi kakatoni ka zipolopolo. Anakhala pansi n'kuipukuta monga mwa Loweruka lililonse, mosamala, kuyambira kumpope mpaka kuthako. Atatha anapisa m'thumba la malaya, natulutsa kachipolopolo kamene ankayenda nako masiku onsewa, nakabwezera m'katoni. Analowa, natsekera zonse m'bokosi, natulukanso ndi kiyi. Anamuika m'lichero, pamwamba pa mpunga.

A Lukiya anamuyang'ana kiyiyo osamukhudza.

"Za maso angawa munayamba kuzidziwa liti?" anafunsa Che Uladi.

"Chaka chatha. Nthawi ya mango."

"Ndiye munangokhala chete?"

"Munkati ndi dzuwa."

Che Uladi anaseka pang'ono, nakhala pansi pambali pawo. Anati a Wadson awauza kuti mlamu wawo anali ndi ng'ala m'maso onse awiri, anapita kuchipatala cha maso ku Zomba, ndipo pano amalowetsa yekha ulusi pasingano. Mwina kwa iwonso zikhoza kutheka, mwina ayi. Zikatheka, a Lukiya adzaimike chitini pachulu, ndipo akadzachilasa katatu motsatizana adzawabwezere kiyiyo. Zikakanika, mfuti akaipereka kuboma ndi mapepala ake, ndipo khola la nkhuku alimanga ndi waya wa sefa ngati anthu ena onse.

A Lukiya anatola kiyi uja, nampukuta gaga, nammanga pamfundo ya mpango wawo. Anafunsa kuti ku Zombako apita liti.

"Lachitatu," anatero Che Uladi. "Koma mundiperekeze. Muzikayenda patsogolo, ndingakapereke moni kwa matumba a makala a eni ake."